Mawu Anga pa Chiliza cha a Mkandawire

Pali manda ena ku Mzuzu kuno amene ndimawalambalala mpaka lero, ngakhale mvula ikugwa. Si kuopa mizukwa ayi. Ndimaopa zolemba zanga zomwe.

Nthawi imeneyo ndinali chaka chachitatu ku yunivesite, ndikuphunzira za mabuku ndi ndakatulo, ndipo mutu unali utatupa. Ndinkadwala nthenda yopeka timawu takuthwa, tija tooneka ngati tikudzitsutsa tokha koma tili ndi choonadi mkati, timene pa Chingerezi amati paradox. Anzanga akamacheza za mpira, ine ndinkangoponya: "Luso ndi kulephera mokongola." Kapena: "Ndakatulo yabwino ndi imene mwini wake sakuimvetsa." Iwo ankati, "Eee, akulu, deep chomene!" (Pano ndimadziwa kuti ankangofuna ndikhale chete amve zigoli.)

Ophunzira tinali titachuluka kuposa malo ogona, moti kupeza chipinda kunali ngati kufuna singano mu udzu wofolera. Ine mwayi unandigwera ku Masasa, kuseri kwa nyumba ya amama Nyagondwe, mayi wamasiye wosayankhulayankhula. Kunali kutali ndi sukulu, inde, koma chipindacho sichinkadontha, ndipo mayeso anali atatsala milungu itatu. Aliyense wodziwa kuzizira kwa Mzuzu mwezi wa Juni amvetsa kuti chipinda chimenecho chinali moyo wanga.

Tsiku lina m'mawa amamawo anandiitana pakhonde.

"Mwana wane, tikumanga chiliza cha adada Mkandawire, amuna anga. Iwe ndiwe wa sukulu. Tilembere mawu oika pamwala. Ngakhale kavesi."

Kavesi! Ine? Mumtima ndinaseka. Manda onse a mu Mzuzu ndi "Usa mu mtendere" yekhayekha, ndiye ine ndiwonjezereponso? Malemuwo sindinawaonepo ndi kamodzi komwe, ndipo sindinafunse kuti anali munthu wotani, anadwala chiyani, abale awo ndi otani. Wanzeru safunsa, ndinkatero. Ndinakhala masiku awiri ndikufufuta ndi kulemba, mpaka ndinabereka mwana wanga wokondedwa:

AKUFA OKHA NDI AMENE AMAKONDEDWA NDI ABALE ONSE.

Ndinawapatsa kapepalako. Anavala magalasi, n'kuwerenga. Anawerenganso. Anandiyang'ana nthawi yaitali, kenako anapinda pepalalo n'kulimangirira kunsonga ya chitenje.

"Yewo chomene," anatero. Basi.

Ine ndinabwerera m'chipinda ndikuyenda ngati nduna.

Loweruka lovundukula chiliza linafika. Abale a malemu anabwera ndi lole yodzaza kuchokera ku Rumphi, amayi a mvano atavala zoyera, abusa, kwaya, zonse. Mwala unali utaphimbidwa ndi nsalu yoyera, ndipo mwambo wake ngwakuti palibe woona zolembedwazo mpaka nsaluyo itachotsedwa pamaso pa onse. Ine ndinabwereka jekete. (Linali lalikulu, manja anga osaoneka, koma ndinkati alakatuli amavala choncho.)

Atatha mapemphero, woyendetsa mwambo anati, "Mawu a pamwalawa alemba ndi mnyamata wa ku yunivesite amene amakhala kwa amama. Abwere atiwerengere yekha."

Anthu anawomba m'manja. Mchimwene wamkulu wa malemu, bambo wamtali wa ndodo yosema, anakoka nsalu ija. Ine ndinatsokomola pang'ono, ndinakweza dzanja, n'kuwerenga ndi mawu a pasiteji, ndikupumira pakati kuti zilowe bwino.

Zii.

Ndinaganiza kuti akumbuyo sanamve. Ndiye, abale anga, ndinabwereza. Mokweza.

Kwaya inali itatsegula kale pakamwa kuti iyambe nyimbo, koma inangotsala choncho, kukamwa yasa. Abusa anayamba kufufuza china chake m'Baibulo mwachangu. Ndipo azakhali a malemu, okalamba amene Chichewa chinkawadutsa, anafunsa mokweza: "Wakuti vichi?"

Mtsikana wina anawamasulira m'Chitumbuka, mawu ndi mawu, momveka bwino kuposa mmene ndinawerengera ine.

"Mwe! Chiuta wane!" Azakhali aja anagwira mutu ndi manja onse.

Apa m'pamene woimba wina wa kwaya anandinong'oneza zimene Masasa yense ankadziwa kupatula ine. A Mkandawire anadwala zaka ziwiri pamphasa. Mwa onse odzaza lole aja, palibe ndi mmodzi yemwe anabwera kudzawazonda. Anatulukira tsiku la maliro, kulira mogubuduzika, ndipo pobwerera ananyamula wadirobu ndi njinga.

Thukuta kamukamu, mu Juni!

Bambo wa ndodo uja anandiyandikira pang'onopang'ono.

"Iwe mnyamata. Ukutukwana ife?"

Munthu wanzeru akanagwada pomwepo n'kupepesa. Koma ine ndinali wophunzira.

"Ayi adada, imeneyi ndi paradox. Sindikunena inuyo. Ndikunena anthu."

"Ndiye ife si anthu?"

"Ayi, ndinu anthu, n'chifukwa chake zikukukhudzani..."

Sindinamalize. Ndodo inakwera m'mwamba, amayi a mvano anakuwa, abusa analowa pakati akuyambitsa okha nyimbo imene palibe anailandira. Ndinathawa modumpha mitumbira ya eni ake, ndikupepesa uliwonse, jekete lija likuuluka kumbuyo. Chakudya cha pamwambo sindinachilawe. Ndinadzitsekera m'chipinda, ndikumva abale akukangana pabwalo mpaka dzuwa kupendeka.

M'mawa mwake amama Nyagondwe anagogoda. Ndinatsegula n'kugwada pakhomo pomwepo.

"Amama, pepani chomene. Sindimadziwa. Mukanandiuza, ndikanalemba vesi."

"Ukuganiza kuti sinditha kuwerenga?" anatero, nkhope ili phee. "Ndinawerenga kawiri pamaso pako. Kwa wosema ndinapita ndekha, ndipo ndinamuuza kuti zilembo azikulitse."

Mayi wofatsa uja, wosaphonya mapemphero a m'mawa uja! Zaka zonsezi anasunga mawu pamtima, akusowa chitsiru choti chiwanenere pagulu. Ndipo chitsirucho chinabwera chokha, chitabwereka jekete.

Komabe mtima unayamba kutsika. Ndinati basi, tili mbali imodzi, chipinda chapulumuka.

"Ndiye nkhani yatha, amama?"

"Yatha. Alamu anga agamula kuti chimodzi chichoke: mwala kumanda kuja kapena iwe pakhomo pano." Anakonza mpango wawo kumutu. "Mwana wane, mwala ndi wolemera."

Zaka zitatu za yunivesite, sindinapekepo chiganizo chakuthwa ngati chimenecho.

Ndinamanga matiresi pa njinga ya kabaza, ija timati sakaramento kuno, masana omwewo. Mayeso ndinalemba ndikugona pasimenti kwa mnzanga ku Katoto, anthu anayi m'kachipinda kamodzi, chifuwa chili pakhosi. Masiku ano wina akandipempha mawu a pachiliza, ndimalemba dzina, tsiku lobadwa ndi tsiku lomwalira. Akati ndiwonjezere kena kake kokhudza mtima, ndimayamba ndafunsa kuti wadirobu ili kwa yani.