Ana Asanu ndi Anayi a Mayi Unikinowuni

Kwa Bwana Mkulu Woyang'anira Manda a Asilikali,

Bwana, ndine uja wosesa manda aang'ono a nkhondo yakale, kuseri kwa siteshoni ya sitima. Muli miyala makumi awiri ndi itatu, mpanda wa waya, ndi geti lolira ngati mbuzi. Ine kuzungulira polankhula sindidziwa, koma lero ndavula chipewa kuti ndikuthokozeni.

Choyamba, zikomo ponditumizira kalaliki wanu wa tayi kudzandiuza kuti ndine mbuli. Kusukulu sindinapondeko. Kuwerenga ndinaphunzira ndekha pa miyala yomweyi, chala chikutsata zilembo, tsache lili m'khwapa. Miyala khumi ndi inayi ya kutsogolo ndi ya akuluakulu a nkhondo: dzina, udindo, zaka, mpaka mawu achikondi a akazi awo. Isanu ndi inayi ya kumpanda ndi ya onyamula katundu, ndipo yonse ili ndi dzina limodzi: Unikinowuni. Ndinati, kalanga ine, ana a bere limodzi!

Chachiwiri, mlandu ndikuuvomera. Zaka makumi awiri ndakhala ndikusimbira alendo za Mayi Unikinowuni, amene anapereka ana asanu ndi anayi kunkhondo, osabwerako ndi mmodzi yemwe. Aphunzitsi ankalira. Ine ndinkalira kuposa onse. Mlamu wanga atakayikira nkhaniyi, ndinamuthamangitsa ndi fosholo mpaka pamsewu, tinatha chaka osapatsana moni. Mwana wanga wachisamba ndinamutcha dzina lomweli. Pano ndi munthu wandevu zake, ali nalo pachiphaso. Kalaliki wanu akuti m'Chingerezi liwuli limatanthauza kuti wosadziwika. Ndiye kuti ine, bambo ake omubereka, ndinakalembetsa kuboma kuti mwana wanga sadziwika.

Chachitatu, zikomo pa kalata yoti ndikadzabwerezanso bodzali, ntchito yatha. Ndamvera. Dzulo ana asukulu anafunsa amene agona kumpandako. Ndinati sindikudziwa, ofesi nayo sikudziwa, kaundula wawo anadyedwa ndi chiswe. Anangodutsa, ulendo kukajambula miyala ya kutsogolo. Chiswe chanucho ndi chaulemu, bwana: kaundula wa akuluakulu sichinamulawe n'komwe.

Koma chondiwawa ndi ichi. Agogo anga aamuna anatengedwa kukasenza mabokosi a zipolopolo pankhondo yomweyo, osabwerako. Mayi anga anamwalira akufunsabe kumene bambo awo anagona. Mwina zaka zonsezi ndakhala ndikuwazulira udzu kumutu, uku ndikuwagawira mayi wa eniake.

Choncho ndagwada, bwana. Tumizani mayina asanu ndi anayiwo. Ndigoba ndekha pamiyalapo, tchizulo ndili nayo, ndipo zilembo tsopano ndizisamala. Koma ngati ofesi yanu ndi madigiri ake onse yalephera, ndibwezereni bodza langa. Ine mbuli ndinawapezerako mayi wowalira. Inu ophunzira mwawapezera chiyani?

Ine wanu wogonjera, tsache lili m'manja,
Wosesa manda, bambo ake a Unikinowuni