A Kuramochi ndi Mvula Yawo

Ku situdiyo za mafilimu ku Kyoto, ndani sankadziwa kuti a Kuramochi amakalipira mitambo? Iwo ndiwo ankayendetsa ntchito yojambula: mabasi, mahatchi, malupanga, ngakhale mpunga wa masana, zonse zinali pamutu pawo. Mtambo ukangophimba dzuwa, kamera n'kuima, ankavula chipewa n'kuloza kumwamba.

"Galu iwe! Wakuitana ndani? Choka!"

Mtambo ukakana kuchoka, ankatembenukira anthu. Paja pagulu lililonse sipalephera munthu wokoka mvula, ndipo a Kuramochi analumbira kuti adzamugwira. Wonyamula nyale anamuthamangitsa chifukwa choyetsemula. Hatchi ina anaibweza kwawo, ati nkhope yake ndi yamvula.

Mayi Fumie, amene ankadzoza osewera kumaso, ankadziwa chilungamo monganso wina aliyense: a Kuramochi akangochokapo, dzuwa linkatuluka. Ndiye anthu ankangowatuma za bodza.

"Bambo Kuramochi, mpungatu sunafike."

"Sunafike? Ndikawaphika eniakewo!"

Galimoto yawo ikangokhota, wotsogolera filimu ankakuwa kuti, "Jambulani msanga asanabwere!"

Chaka china mvula inakakamira ali kumapiri a Tamba. Kunatsala gawo lomaliza lokha, ndewu ya padzuwa, ndipo eni situdiyo analamula kuti mvulayo ikapitirira, filimu ifere pomwepo, aliyense azipita kwawo. Mabodza anali atatha. A Kuramochi anafoletsa anthu pamatope ngati akuba.

"Ndi ndani? Adziulule yekha!"

Mayi Fumie zinawakwana.

"Ndinu, bambo! Kuyambira kalekale ndinu! Mpunga uja sunachedwepo n'kamodzi komwe!"

A Kuramochi anavala chipewa chawo n'kutsetsereka wapansi kulowera kusiteshoni ya sitima. Asanafike n'komwe, dzuwa linali likuswa mtengo. Filimu inatha bwinobwino.

Kuyambira pamenepo a Kuramochi ankakonza zonse m'mamawa, kenako n'kukakhala kusiteshoni, kumakalipa pa telefoni. Mafilimu awo omwe ankakawaonera muholo ngati mlendo. Ndiye eni situdiyo, anthu osayamika ngati nkhuku, anati munthu wosaoneka pantchito ndi wachiyani, n'kuwapumitsa. Munthu wothawa dala kuti anzake adye! A Kuramochi atamwalira, mabwanawo anangotumiza maluwa, osaponda n'komwe. Mayi Fumie zimenezi zimawawawa mpaka lero.

Tsiku la maliro kunacha kopanda ndi kamtambo komwe. Mayi Fumie anatuluka m'kachisi atagwira ambulera imene anabwera nayo dala, n'kuiloza kumwamba.

"Wopanda manyazi iwe! Munthu wamulondola moyo wake wonse, lero osamugwetsera ngakhale kadontho?"

Masiku ano mtambo ukafika pa situdiyo, anyamata amangoweramira mafoni awo kudikira kuti udutse. Mpunga umachedwadi tsopano, umafika wozizira, ndipo palibe amene amakalipa.