Ndinapita kukafunsira mbeta, ndinabwera ndi Chiarabu

Abale anga anasiya kundituma nkhani zikuluzikulu ndekha, ndipo sindiwaimba mlandu.

Ndili mnyamata ndinakhalako pang'ono kusukulu ya ubusa. Ubusawo sindinaumalize, koma Chiheberi chinandikakamira ngati chisoso pathalauza. Vuto ndi lakuti kwathu ku Kandeu kulibe wocheza naye za zimenezi. Ndikangoti "pa Chiheberi mawu amenewa amati," akulu ampingo anzanga amayamba kusuzumira panja ngati kukubwera mvula.

Ndiye Yohane, mwana wa mlongo wanga, anakonda mtsikana wa ku Lizulu dzina lake Asiyatu. Anadziwana pamsika, iye atapita kukagulitsa kachewere. Banja la mtsikanayo ndi la Chisilamu, ndipo malume ake, a Jafali, ndi shehe. Nkhoswe ya Yohane ndinali ine.

"Amalume, chonde mukangofika mukanene," anandidandaulira. "Pali dalaivala wina wa thiraki amene akuzunguliranso pakhomo paja. Tikachedwa atilanda."

"Iwe, unkhoswe ndinauyamba usanabadwe," ndinamuyankha. (Mumtima ndinali ndi mantha ndithu. Shehe angapereke mwana kubanja la mkulu wampingo?)

A Jafali anandilandira pamkeka, pakhonde. Mlongo wawo, mayi ake a Asiyatu, anakhala chapatali akusankha nyemba, makutu onse ali kwa ife. Malonje anayenda bwino. Ndinali nditakonza kale kukhosi kuti ndinene chimene ndadzera, pamene munthu wina podutsa anapereka moni kuti, "Salaam aleikum." Pakamwa panga panatseguka pokha.

"Ashehe, mukudziwa kuti Aheberi amati shalom aleikhem?"

Anavula magalasi. "Mwati bwanji, bambo? Nanga nyumba amati chiyani?"

"Bayit."

"Ife pa Chiarabu timati bayt! Galu?"

"Kelev."

"Kalb!" Anawomba m'manja ngati wapeza mbuzi yake yotayika.

Kunena zoona, ndinasangalala mpaka misozi kulengeza. Zaka zonsezi ndinali ndekha, osadziwa kuti mnzanga ali pompano pa Lizulu. Ndinathyola kamtengo n'kuyamba kulemba pafumbi. Iwonso anathyola kawo. Tonse tinkayambira kumanja kupita kumanzere, zimene zinatiseketsa kwambiri. Ndinawaonetsa kuti mawu ambiri a Chiheberi amamera pa zilembo zitatu: katav ndiko kuti analemba, mikhtav ndi kalata. Iwo anati ndi momwemonso kwawo: kataba, analemba, kitab, buku. Tinasiyana maganizo pa kachulukitsidwe ka mayina a zinthu. Ine ndinati Aheberi amangomata kamchira kumapeto, nkhani yatha. Iwo anati Aarabu nthawi zambiri amathyola mawuwo pakati, kitab n'kusanduka kutub, mabuku, ndipo anaumirira kuti kumeneko ndiye kukoma kwa chilankhulo.

Nthawi ya swala ya masana itakwana anapita kukapemphera, n'kundisiya ndikulondera zolemba zathu kuti nkhuku zisafufute. (Ganizirani, nkhoswe yathunthu, jekete ndi tayi, kupirikitsana ndi anapiye pabwalo la eni.)

Chakudya chitabwera, mayi aja anagwada n'kufunsa mwaulemu, "Kodi alendowa angodzationa, kapena pali kanthu?"

Khomo analitsegula okha. Koma nthawi yomweyo a Jafali anali ataloza nyama m'mbale n'kunena kuti lahm, ine n'kukumbukira kuti lekhem kwa Aheberi ndi buledi.

"Tadikirani pang'ono, mayi," ndinatero. "Apa pavuta. Mawu amodzi, wina akudya nyama, wina buledi!"

Mayiwo anandiyang'ana nthawi yaitali, kenako anatenga nyemba zawo n'kulowa m'nyumba. Dzuwa litapendeka a Jafali anandiperekeza kukakwera minibasi titagwirana manja.

Yohane ndinamupeza akundidikira pamsewu. "Amalume, ati bwanji?"

"Munthu uja ndi mutu! Ukudziwa kuti galu..."

"Za Asiyatu, amalume."

Dzina la mtsikanayo sindinalitchule ngakhale kamodzi. Yohane sanakalipe. Anangokhala pansi m'mbali mwa msewu n'kugwira kumaso, ndipo ine ndinachita manyazi amene sindinawamvepo chibadwire.

M'mawa mwake mlongo wanga anandikweza yekha minibasi, ndipo titafika anakhala kumbuyo kwanga, pafupi moti chigongono chake chinkandigunda m'nthiti. Nditayang'ana kutsogolo ndinaona a Jafali ali ndwii, mlongo wawonso ali kumbuyo kwawo chimodzimodzi. A Jafali nawonso anali atagona ndi mawu olasa a mlongo wawo. Ankadziwa bwino chimene ndinadzera, ndipo anali atatumidwa kundipanikiza ndi mafunso okhudza mapemphero, zakudya ndi ana odzabadwa, koma sanafunse ngakhale limodzi.

Ndinanena mwachangu ndisanakhazikike n'komwe: "Tabwera kudzafunsira mbeta, Asiyatu, m'malo mwa Yohane." Zotsalazo anakambirana amayi awiriwo, ife tikungogwedeza mitu. Anagwirizana kuti Asiyatu asasiye chipembedzo chake ndiponso kuti nkhumba isaponde pakhomo pawo. Dalaivala uja anthu ake anafika mochedwa.

Ukwati unachitika. Patapita miyezi ingapo, Yohane ndi Asiyatu anakangana koyamba, ndipo monga mwa mwambo anaitana ankhoswe. Tinakhala pansi bwinobwino, nkhope zili gwa. Kenako a Jafali anandinong'oneza, "Bambo, mkangano kwa Aheberi amati chiyani?" Pamene tinkatukula mitu, Asiyatu anali akutithirira tiyi, Yohane akumugwirira thireyi, onse awiri akuseka. Mlandu wake sitinaumve mpaka lero.

Yohane akuti masiku ano akasemphana mawu amakhululukirana msangamsanga, kuopa kuti wina angatiitane.