Misozi Yodikira Kiyibodi Yanga

Usiku watha ndinalota ndili ku Sweden, anzanga, ine amene ngakhale pa Mwanza sindinadutsepo. Paja mukudziwa kuti Chimwala anandipatsa ntchito yopeka nyimbo ya filimu yake, ija ya mayi wodikira mwana wake pa depoti, ndipo nyimboyo yandikanika. Kanyimbo kena kamene ndinapeka Lolemba ndinakataya. Ndinagona nditatsimikiza kuti kukacha ndikamuuza apeze wina.

Ndiye ndafika pachipata cha dzikolo, kiyibodi nditabereka kumbuyo ngati mwana. Mkulu woona ziphaso anandiyang'ana, mwadzidzidzi mlomo wake unatalika, n'kusanduka bakha wovala tayi.

"Mwadzatani kuno?" anatero bakhayo.

Ndisanayankhe, kiyibodi inandilanda mawu: "Wabwera kudzanditaya ameneyu. Ndi wamantha." Ndinachita manyazi kwambiri. Bakha anadinda chiphaso changa ndi phazi.

Ndiye ndili m'minibasi, kunja kuli mbee ndi chisanu. Kondakitala anali mzungu wokalamba, a Torsten, wopeka nyimbo za mafilimu ndi za pa TV. Siteji iliyonse inali ntchito imene anagwirapo.

"Ndinayambira apa, kuyimbira malonda otsatsa sopo," anatero, sopoyo n'kutibayibitsa. "Apa ndinakalambira, kuthamangitsa apolisi a pa TV ndi ng'oma." Apolisiwo anadutsa pamzere, atasanduka nkhanga.

"Ndiye kwanu kuno ndinu otchuka, madala?" ndinafunsa.

"Ndani, ine? Dzina langa limatuluka kumapeto kwa filimu, anthu akufunafuna nsapato. Koma nyimbo amapita nayo kwawo, osadziwa kuti anyamula kanthu."

Mwadzidzidzi tinali pa depoti. Mayi wa mufilimu uja anali chiimire, misozi yake atasunga m'kapu.

"Mwachedwatu, bambo," anatero. "Mwana wanga ali m'basi umo, sangatsike popanda nyimbo. Inenso sindikudziwa ngati ndilire kapena ndiseke."

"Msana wandipweteka naye," basi inadandaula.

Ndiye ndinayimba ndi zala zonse, ng'oma ndi malipenga omwe, thukuta kamukamu. Chitseko osatseguka.

"Mukuyimba ngati mukufuna chikho," anatero a Torsten. "Kanyimbo kaja munataya Lolemba kali kuti?"

"Kameneko n'kachibwana, madala."

Kiyibodi sinadikirenso chilolezo, inakayimba yokha, pang'onopang'ono. Chitseko chinatseguka, mwana n'kutsika. Mayi uja anathira misozi m'maso, nayamba kuseka uku akulira. Inenso ndinalira, sindibisa, koma mumtima munali myaa.

Ndiye a Torsten anayamba kukwecha basi ndi mchenga, kwee, kwee, kwee. Ndinadzidzimuka. Anali mkazi wanga Nabiyeni, akukwecha poto panja, yemwe uja amati zoyimba zanga n'phokoso. Ankayimba chapansipansi kanyimbo komwe kaja ka Lolemba.

"Nabiyeni, nyimbo imeneyo mwaitenga kuti?"

"Kaya, mwina pa wailesi. Yangondikakamira," anatero, osatukula n'komwe mutu, poto akungolira kwee, kwee.