Junior wa pakona ya pulani

Nkhani iyi ndimachita nayo manyazi, koma poti mkazi wanga Esnart amaikometsera pa kitchen party iliyonse, bola ndiinene ndekha.

Ine ndimajambula mapulani a nyumba ku Kalingalinga. Software yojambulira ndi yodula, ndiye ndinatenga ya crack, yosalipira, pa flash ya mnzanga. Lamulo lake linali limodzi: deti la laptop ulibweze m'mbuyo zaka zisanu ndi zinayi, apo ayi imatseka. Ndinabweza, n'kuiwalako.

Apongozi anga aamuna, mkulu wa mpingo, anatilola kumanga kanyumba kuseri kwa yadi yawo ku Mtendere. Ndinajambula pulani yooneka bwino, chipinda chilichonse ndi dzina lake, mpaka "Junior's Bedroom" cha mwana wathu wa zaka zitatu. Lamlungu titaweruka kutchalitchi ndinaiyala patebulo kwa apongozi, ndikudzimva injiniya.

Madala anavala magalasi. Khonde sanaliyang'ane, denga ayi. Chala chinalunjika pakona, pomwe software imadinda yokha deti.

"Bashi Junior," anandiitana ine bambo wa mwanayo, "iyi plan munaichita liti?"

"Last week, atate."

"Apa yaonetsa nine years ago. Junior wathu ali na three years. Manje uyu wamene munamangila bedroom kudala ni Junior wa ndani?"

Esnart anaika pansi jagi ya juwisi.

"Nenze kuziba! Ndiye vamene muyendela ku Chawama every Saturday!"

"Ku Chawama nili na site yomanga nyumba, amake Junior!"

"Site ili na mwana wa nine years!"

Apongozi aakazi anali atayamba kale kuimbira foni ankhoswe. Ndinaona ukwati ukupita, kanyumba kakutsatira pambuyo. Ndinatsegula laptop n'kuwaonetsa deti.

"Atate, software ni yakuba. Sininagule. Nimanamiza computer date kuti isanigwile."

Madala anayang'ana laptop, anayang'ana ine, kenako anavula magalasi pang'onopang'ono.

"So ndimwe kawalala chabe?"

"Ee, atate."

"Aleluya! Amake Esnart, zimyani phone! Mwana wathu ni kawalala chabe!"

Sindinasangalalepo chonchi ndi dzina limeneli chibadwire. Kanyumba tinamanga, tikukhalamo mwamtendere, ndipo software ndinagula yeniyeni.

Kompyuta ukainamiza, imadikira tsiku limene uli kwa apongozi.