Mmene Felton Anatsukira Pataka ya Agogo Ake

Inu, ngati simunaonepo munthu akudzikumbira dzenje ndi burashi wotsukira mano, sendezani mpando ndikuuzeni za Felton.

Felton anali mnyamata wa ku Chikwawa amene ankagwira ntchito m'nyumba ina yosamalira okalamba ku Romford, ku Mangalande. Chaka cha 2006 chimenecho mtima wake wonse unali pa Vera, namwino wa pachipatala cha komweko, ndipo Vera anali atalola kale. Chotsala chinali chimodzi: amalume a Vera, a Jailos a ku Tottenham. Makolo a mtsikanayo ku Nsanje anali atanena kuti iwo mkamwini sangamuone pa foni, choncho a Jailos akati inde ndi inde, akati ayi nkhani yathera pomwepo.

Tsono a Jailos anali woyendetsa basi amene ankavala tayi ngakhale popita kukataya zinyalala. Anali atabweza kale anyamata awiri. Wina anawapatsa moni dzanja lina lili m'thumba. Winayo atafunsidwa mudzi wa agogo ake anayankha kuti afunsa kaye amayi ake.

Lamlungu limene Felton anakaonekera koyamba, a Jailos sanafunse za ntchito kapena za mapepala. Anayamba kudandaula za achinyamata a masiku ano, amene akatsika ndege amasiya mbiri ya kwawo pampando pamodzi ndi bulangeti la mundege. Atadandaula mokwanira anatembenuka n'kumufunsa Felton kuti kupatula pasipoti, ali ndi chiyani cha kwawo m'dziko muno.

Felton anakumbukira kandalama kasiliva kamene amayi ake anamufumbatitsa pabwalo la ndege ku Chileka, katamangidwa pakansalu. Kanali ka agogo a bambo ake, amene ankapalasa bwato mu Shire kunyamula katundu wa amalonda. Koma pakamwa pa munthu wofunsira mbeta pamakweza anthu maudindo. Felton asanamalize kufotokoza, agogo aja anali atasiya nkhafi n'kukhala mwini mabwato, wochita malonda ndi Apwitikizi maso ndi maso.

A Jailos anakhala tsonga. "Ndalama yasiliva? Kodi si pataka imeneyo?"

Mawu amenewa Felton anali asanawamvepo chibadwire. A Jailos anali atatsegula kale pakamwa kuti afotokoze, koma mnyamata anawadula ndi ulemu wonse.

"Pataka yeniyeni, malume. Kwathu timazidziwa bwino zimenezi."

Akanangokhala chete pang'ono, anthu inu, akanamva zonse. Akanamva kuti akuluakulu a ku Nsanje, malinga ndi a Jailos, ankatchula dzina limeneli ponena ndalama za maiko ena zimene Apwitikizi ankazimenya chidindo chawo pamwamba kuti ziziyenda m'malonda a kumeneko. Koma munthu wodziwa kale sauzidwa. A Jailos anangolamula kuti Lamlungu lotsatira abwere nayo, ndipo akaiona ndi pamene adzaimbe foni ku Nsanje. Potuluka, akazi awo, a Etta, anamulongedzera mandasi m'kapepala n'kumunong'oneza kuti asaope, bambowo amangouwa.

Felton atafika kunyumba anamasula kansalu kaja. Ndalamayo inali yakuda bii ngati yatoledwa paphulusa. Mbali imodzi kunali mayi wina wa ku Ulaya, wonenepa bwino, wooneka kuti sanagonepo ndi njala. Koma pakhosi pa mayiyo panali chipsera chakuya, tizilembo ndi kachisoti, ngati mwana wina wopulupudza anakhomapo ndi msomali.

Felton analeredwa bwino. Kwawo munthu sapita kwa apongozi ndi nsapato zafumbi, ndipo kapu ya mlendo imakwechedwa mpaka iwale. Ndiye iye akatulutse chinthu chakuda chotere, chachipsera, pamaso pa munthu wovala tayi potaya zinyalala? Anaona kuti sizingatheke.

Anayamba ndi mankhwala otsukira mano. Burashi anagwiritsa wa Lyson, mnzake wa ku Zambia amene ankakhala naye nyumba imodzi, poti wake anali watsopano. Ndalama inangosintha fungo, mtundu ayi. Wina kuntchito anamuuza kuti chakumwa cha kokakola chimadya litsiro lililonse, choncho anaiviika m'kapu n'kuisiya patebulo la kukhitchini. M'mawa Lyson anabwera kuchokera ku shifiti kukhosi kuli gwaa, anaona kapu yodzaza ilibe mwini, anaipendeka yonse kamodzi. Felton ali kubafa anangomva kuti khwa, kenaka phokoso la mpando ukugwa.

"Iwe Felton, nichani ichi? Ufuna kunipaya?" Lyson anafunsa, dzanja lina lili ndi ndalama, lina lili ndi theka la dzino lake lakutsogolo.

Felton anapepesa kwambiri, koma pakati pa kupepesako anaiyang'anitsitsa ndalama ija kuona ngati dzinolo silinaiwonjezere chipsera china. Lyson anaziona zimenezo, ndipo kwa kanthawi ankangolankhula naye kudzera pa timapepala tomata pa filiji.

Vera atamuimbira foni Felton anamuuza kuti ndalamayo aibweretse mmene iliri, amalume ake amakonda zakale zikhale zakale. Felton anaseka n'kunena kuti akazi sadziwa mmene amuna amalemekezerana. Tsiku lomwelo anagula waya wokwechera mapoto, ndipo kwa bambo wokonza zowonongeka kuntchito kwawo anabwereka tupa.

Wayayo anachita zake, siliva anayamba kuonekera. Chipsera chija ndicho chinakana. Felton anachikhalira ndi tupa. Atachitsiriza anapeza kuti khosi la mayi uja lapita nacho limodzi, mutu wangoti lende m'malere. Anati asalaze pang'ono chibwano kuti zifanane. Chibwano chitachoka, mphuno inayamba kuoneka yaitali mopitirira. Mphuno itachoka, panalibenso chifukwa chosungira tsitsi. Atatembenuza anaona kuti mbali inayo kuli mbalame yooneka yauve poyerekeza ndi kuno, nayonso anaiuluza. Pofika Loweruka zala zake zinali matuza okhaokha, ndipo patebulo panali kachitsulo kozungulira, kosalala, kowala moti ukhoza kudziyang'anirapo pometa ndevu.

Mumtima munamuluma pang'ono, koma anadzilimbitsa kuti ukhondo sunaphepo munthu. Lyson, amene tsopano mpweya unkatulukira pampata akamalankhula, anakayang'ana n'kunena kuti ku Lusaka kotere amakaboola pakati n'kumangira bawuti. Komabe Lamlungu m'mawa ndi Lyson yemweyo amene anamubwereka tayi, n'kumumangira yekha chifukwa zala za Felton sizinkapindika.

Ku Tottenham anapeza a Jailos atayala nsalu yoyera patebulo. Anali atagula galasi lokulitsira zinthu, ndipo anasamba m'manja asanakhale pansi. Vera anakhala pakona ndi a Etta. Asanatsegule kansalu, a Jailos anafotokoza motsitsa mawu, mosiyana ndi masiku onse, kuti agogo awo aakazi anali nayo pataka imodzi. Ali mwana ankaloledwa kuigwira pa Khirisimasi pokha, ndipo ankayendetsa chala pachidindo paja mpaka agogowo kumulanda. Madzi osefukira atakokolola nyumba, inapita. Chichokereni nthawi imeneyo sanaionenso ina, ndipo sabata yonseyi akhala akuuza anzawo ku depoti kuti chala chawo chikagwiranso chidindo.

Mawu akuti chidindo atatchulidwa kachiwiri, Felton anabisa manja ake pansi pa tebulo.

A Jailos anamasula mfundo. Anayang'ana. Anatembenuza. Anatenga galasi lija n'kuyang'ananso, koma chimene anaona chinali diso lawo lomwe, litakula ngati la ng'ombe.

"Mayi uja ali kuti?"

"Ndawatsuka, malume."

"Mwawatsuka. Nanga chidindo cha pakhosi?"

"Chipsera chija? Chinandivuta kwambiri, malume, koma ndinalimbikira."

Panja basi inadutsa, a Jailos sanaitembenukire n'komwe, chinthu chimene Vera akuti sichinachitikepo. Kenaka anaika galasi pansi n'kuyamba kulankhula, osakweza mawu. Ananena kuti ndalama imeneyi inawoloka nyanja, inadutsa m'manja mwa Apwitikizi, inapulumuka msonkho wa Angelezi, njala, chiswe, ndi azibale onse a Felton amene akanatha kuigulitsa n'kumwera kachasu. Zaka zonsezo palibe chimene chinaigonjetsa, mpaka inakumana ndi mnyamata waukhondo wa ku Romford. Anawonjezera kuti atsamunda anayesetsa kufufuta mbiri ya anthu, koma ngakhale iwo sanaganizepo zogwiritsa ntchito tupa.

Felton anayang'ana nsapato zake. Vera anayang'ana denga, milomo ataimanga, ndipo sizinkadziwika ngati akuletsa misozi kapena chiseko. Aliyense ankadziwa kuti mawu otsatira akhala omuonetsa chitseko.

A Etta ndi amene anadzuka. Anapita pamene panali Felton, anagwira dzanja lake mosamala kuti asaphulitse matuza, n'kulitambasula pansalu yoyera paja, pafupi ndi kachitsulo kaja.

"Bambo a kuno, taonani manja awa. Ine ndakhala nanu kuyambira tili ku Limbe, ndipo sipuni imodzi simunaitsukepo. Mbiri mumaidziwa, inde. Mbiriyo inandithandizapo chiyani pa sinki?"

A Jailos anayang'ana manjawo nthawi yaitali. Anayang'ana Vera, amene tsopano anasiya za denga n'kumawayang'ana iwo osaphethira. Kenaka anausa moyo, anatulutsa kakhadi koimbira kunja m'chikwama, anakanda manambala ndi m'mphepete mwa pataka yomweyo, n'kuimba ku Nsanje kwa amayi a Vera onse akumva.

Anapereka moni wautali monga mwa mwambo, anafunsa za mvula ndi za odwala, Felton ali pampando ngati woyembekeza chigamulo. Potsiriza anafika pankhani.

"Mnyamata uja ndamuona, achemwali. Kufunsa safunsa, kumvetsera samvetsera, ndipo mbiri ya kwawo anaipala yekha ndi tupa. Koma akaganiza zosangalatsa munthu amachita mpaka zala kutupa, ndipo mwana wanu sadzakwechapo poto m'nyumba mwake. Ndavomera."

Kumbali inayo kunamveka nthungululu yodukaduka chifukwa cha netiweki. A Jailos anadikira ithe, akumuyang'ana Felton pamwamba pa magalasi.

"Chimodzi chokha, achemwali. Mphete zaukwati zikagulidwa, asunge ndi Vera. Uyu akazisunga, pofika tsiku la ukwati tidzapeza fumbi lokha."