Khadi la chamba cha msana

Lolemba

Msana wayambanso. Ululu ukuchokera m'chiuno, kutsika ndi mwendo wakumanzere mpaka kuchidendene. Sokosi ndikuvala nditakhala pamasitepe, pang'onopang'ono, anthu asanadzuke. Mayi a Tadala, akazi anga, afunsa ngati ndagona bwino. Ndati ndagona bwino.

Kuntchito ndi zomwe zija. Kuyendetsa forklift, kagalimoto konyamula katundu, ku warehouse ya ku Nechells, khosi chopotokera kumbuyo tsiku lonse, kutsika, kunyamula ndi manja zomwe makina akana. Pobwerera kuno ku Smethwick ndaima m'basi ulendo wonse ngakhale mipando inalipo. Kukhala n'kosavuta. Chovuta ndi kudzuka.

Madzulo aimba alamu anga a Chisomo a ku America, achimwene awo a mayi a Tadala. Foni ya vidiyo. Akundionetsa kakhadi. Chithunzi chawo, dzina lawo, chidindo cha boma. Akuti kwawoko boma la state limapereka makhadi amenewa kwa odwala, munthu n'kulowa nalo m'shopu kukagula chamba ngati akugula buledi. Bondo lawo lomwe linavulala pangozi lija linaleka kuwavuta. Akuti, "Alamu, ku England nakonso n'chololedwa kwa odwala. Mukuvutikiranji?"

Ndaseka. Ndawadzudzulako pang'ono, poti ndine dikoni. Foni itaduka ndayamba kufufuza.

Ine ndine wa ku Nkhotakota. Ndinakula chamba chikumera kuseri kwa phiri, anthu akuthamangitsana ndi apolisi, ine osakhudzako ngakhale tsamba. Lero imvi zili mbuu m'ndevu, ndikuchifuna ku Ulaya, chokhala ndi risiti.

Pulani:
Mawa, dokotala.
Lachitatu, khadi.
Loweruka, tulo.
Mayi a Tadala asadziwe kaye. Ndi namwino, sabata ino ali pa ma-shift ataliatali, ali ndi odwala okwana kale.
Mpingo usadziwe n'komwe.

Lachiwiri

Ku GP, kwa dokotala wa m'dera lathu, umaimba m'mawa, ukachedwa malo atha. Ndikuimbira mu canteen ya kuntchito shift isanayambe. Kanyimbo ka pafoni. Kanyimbo komweko. Tiyi wazizira.

Wayankha mayi wa pa reception. Akufuna adziwe vuto kuti andipatse dokotala woyenera. Ndanong'ona, "Medical cannabis." Akuti sakumva. Ndabwereza. Akuti layini ikuduladula. Ndanena ndi mawu anga a zolengeza za kutchalitchi.

Canteen yonse zii. Darren, mzungu amene timasinthana naye forklift, wandikwezera chala chachikulu.

Masana dokotala waimba. Mtsikana waulemu, sakuseka. Zomwe ndamva:
Iyeyo sangandilembere. Amalemba ndi ma-specialist okha.
Kuchipatala cha boma amalembera matenda ochepa kwambiri, ndipo msana wa pa forklift suli pamenepo.
Ambiri amapita ku makiliniki olipira.
Khadi la boma ngati la alamu kuno kulibe.

Kulibe!

Akuti ngakhale kolipirako amafuna umboni woti ndinayesa kale njira ziwiri za chipatala n'kulephereka. Ndati zimenezo n'zosavuta, ndayesa zambiri. Ndamuwerengera: mafuta opaka otentha aja, botolo la madzi otentha, mizu yomwe apongozi anatumiza kuchokera ku Dedza, kugona pansi, pemphero. Wamvetsera mpaka kumapeto. Akuti palibe chomwe chikuwerengedwa.

Akuti ndipo za msana akuzimva lero. Ulendo womaliza ndinapita kukayezetsa BP, atandifunsa mmene ndilili ndinayankha kuti ndili bwino, zikomo. Ndayesa kumufotokozera kuti kwathu munthu akakupatsa moni umayankha moni. Suyamba ndi msana.

Wandiika pamzere wa physio, kwa owongola thupi ndi mafizo. Kalata ibwera. Liti? Ibwera.

Lachitatu

Lero linali tsiku la khadi.

Ndafufuzabe pa break. Makiliniki olipira alipodi, amakuona pavidiyo. Mtengo ndauona, ndatembenuza foni. Khadi lina ndalipeza, koma si la boma. Ena anangolikonza kuti wapolisi akakugwira uzikhala ndi chomuonetsa pamene ukufotokoza. Ndiye kuti kugwidwa ugwidwabe, koma mwaulemu.

Chinanso: ngakhale akulembere, saloleza kusuta. Ndi mafuta odonthezera pansi pa lilime, kapena kamakina ka nthunzi. Chimenechi chandisangalatsa. Dikoni angathe kudontheza mafuta.

Komabe mafunso alipo, ndipo wodziwa ndi alamu. Ndili m'basi, dzanja limodzi lagwira chitsulo, ndawalembera:

"Chamba chija chimayamba kugwira pakatha nthawi yotalika bwanji? Nanga fungo mumatani kuti madamu asadziwe?"

Ndatumiza. Ndaika foni m'thumba. Ikunjenjemera. Ikunjenjemeranso. Ndati alamu lero achangamuka.

Pafoni yanga mayina oyamba ndi Chisomo alipo awiri. Lina ndi la alamu. Lina ndi Chisomo Chathu, gulupu ya mpingo wonse. Abusa, amayi a chigwirizano, a kwaya, achinyamata, anthu a ku Wolverhampton, a ku Coventry, ngakhale amene anabwerera ku Malawi koma osatuluka m'gulupu.

Ndafufuta msangamsanga basi isanafike pa Cape Hill. Ndapuma.

Kunyumba Tadala, mwana wathu wa ku yunivesite, wandilandira pakhomo foni ili m'manja. "Dad, you only deleted it for yourself."

Ndiye kuti mu mpingo wonse, amene sakuuona uthengawo ndine ndekha.

Mayi ake afika atatopa, adya, agona. Foni yawo yathera moto m'chikwama. Sindinaikumbutse.

Lachinayi

Zomwe zafika:
Abusa: "Tionane, a dikoni."
Mayi Nachisale, mtsogoleri wa amayi, alemba kuti masiku otsiriza afikadi, tipempherere mabanja.
Mnyamata wa kwaya watumiza kachithunzi ka tsamba, kenako wafufuta. Iye amadziwa kafufutidwe.
Wina wa ku Malawi, sindikumudziwa: "Nanga bwanji osangoitanitsa kwanu?"
Alamu a Chisomo: palibe. Sakudziwa kanthu.

Ndalemba kufotokoza kuti ndi za mankhwala, zololedwa ndi lamulo, kudzera kwa dokotala. Ndawerenga kawiri, ndaona dzina la gulupu katatu, ndatumiza. Palibe wayankha. Funso la fungo lija ndi limene landipha.

Pa break aimba a Mulenga, m'bale wathu wa ku Zambia amene amaimba besi. Akuti ndisavutike ndi makhadi, ali ndi mnyamata cha ku Cape Hill, amafika mpaka pakhomo. Ndakana. Nkhani yonse ndi pepala. Mapepala athu okhalira kuno adalira ntchito ya mayi a Tadala, ndipo namwino sangakhale ndi zotere m'nyumba popanda dzina la dokotala. Akuti chabwino, koma ndikasintha maganizo nambala yawo ndi yomweyo.

Mayi a Tadala anamvera ku ward. Namwino mnzawo wa ku Zomba anawakokera pambali n'kuwauza kuti alimbe mtima, amuna ndi choncho.

Afika. Avula nsapato. Asamba m'manja. Sanakhale pansi.

"Madamu ake ndi ine?"

Ndayamba kufotokoza za malamulo a ku England ndi a ku America. Andidula. Akuti ndigone chagada pa kapeti. Agwira mwendo wakumanzere, aukweza pang'ono pokha. Ndakuwa mpaka galu wa aneba wayankha.

"Zayamba liti?"

"Pa Khrisimasi."

"Iti?"

Ndati osati yapitayi.

Akhala pansi pambali panga. Za chamba sanazitchulenso. Akuti tsiku lonse amatembenuza azungu osawadziwa, kuwafunsa pomwe pakupweteka, pamene mwamuna wawo akuvalira sokosi pamasitepe ngati mlendo. Ndiye kuti ankandiona. Akuti ankadikira kuti ndinene ndekha, sankadziwa kuti ndidzanenera mpingo wonse.

Ndinali chigonere.

Lachisanu

Manijala wandiitana ku ofesi. Nkhani ya mu canteen yafika. Waulemu nayenso. Anthu onse sabata ino ndi aulemu.

Akuti kampani ilibe vuto ndi mankhwala olembedwa ndi dokotala, koma munthu womwa zogonetsa sangayendetse forklift mpaka a zaumoyo amuone. Ndati ndimangofunsira msana, sindinamwe chilichonse. Ndilibe. Sindinachionepo chiyambire kutsika ndege. Akuti akumvetsa, koma tsopano wadziwa kuti ndili ndi vuto la msana, ndipo akadziwa sangachite ngati sakudziwa.

Ndiye andichotsa pa forklift. Andipatsa ntchito yopepuka: kumata mapepala pamakatoni. Choimirira. Tsiku lonse. Makatoni ena ali pansi.

Overtime nayo yapita, poti inali ya pa forklift.

Darren wadutsa pa forklift yanga akuliza hutala. Akunditchula Rasta. Mutu wanga ndi wadazi. Pofika masana dzinalo lafika ku loading bay, kokwezera katundu, ndipo mnyamata wa ku Poland amene sitinalankhulanepo wandipatsa moni wa chibakera.

Ndaimbira kiliniki yolipira imodzi, kungoyesa. Mtsikana wake wokoma mawu. Funso loyamba: njira ziwiri zomwe ndayesa. Ndati imodzi ndili pamzere wake, inayo sindinaidziwe. Akuti ndidzaimbenso zikadzalephereka zonse. Wandifunira tsiku labwino.

Ndiye kuti ntchito yanga tsopano ndi kudikira mankhwala kuti alephere.

Loweruka

Lero linali tsiku la tulo.

Abusa afika m'mawa kuchokera ku Whitmore Reans ndi akulu a mpingo awiri, a Banda ndi a Phiri. A Banda alowa mphuno ili patsogolo. Apereka moni akununkhiza. Makatani, mipando, jekete langa pachitseko. Chomwe apeza ndi mafuta opaka aja.

A Phiri maso ali pawindo. Pali kamtengo ka mu mphika komwe mayi a Tadala akhala akukalera chaka chonse. Masamba ngati zala. Akuyang'ana, akuyang'ana Abusa, akuyang'ananso.

Mayi a Tadala akuika tiyi patebulo osatembenuka: "Ndi chinangwa, a Phiri. Chigwada."

A Phiri akuti amadziwa, amangosirira.

Ndafotokoza zonse kuyambira Lolemba. Abusa amva. Si munthu woipa, nawonso amagwira ntchito ya care, yosamalira okalamba, masiku ena, msana amaudziwa. Akuti iwo akukhulupirira kuti cholinga chinali chabwino. Koma achinyamata awerenga, ndipo mayi wina wadandaula kale kuti mwana wake akuti ngati a dikoni akufuna, nanga iye. A Banda akuti lamulo la azungu si lamulo la mpingo. Ndafunsa ngati mankhwala a BP omwe iwowo amamwa anawalola ndi mpingo. Mayi a Tadala andiponda phazi. Lakumanzere.

Chigamulo: ndipume kaye pa udikoni mpaka nkhani izizire. Zolengeza aziwerenga a Banda. Mawa andipempherera kutsogolo, kuti anthu aone kuti nkhani yatha.

Ndafunsa ngati pempherolo ndi la msana kapena la chamba. Abusa akuti Mulungu adziwa posankha.

Atapita alamu a Chisomo aimba, akuseka asanapereke moni. Mlongo wawo wawauza. Akuti ndisamukire ku America. Mayi a Tadala atenga foni n'kulowa nayo kuchipinda. Alamu sanasekenso.

Lamulungu

Holo yomwe timapemphereramo yadzaza. Anthu amene sitinawaone chiyambire Pasaka abwera. Pampando wanga wa kutsogolo pakhala a Banda. Ndakhala kumbuyo, pafupi ndi hita, ndipo kunena zoona ndi pabwino.

Nthawi ya pemphero andiitana. Abusa akuti ndigwade. Mayi a Tadala akupukusa mutu ali pampando, koma anthu akuyang'ana. Ndagwada.

Pemphero lalitali. Manja ambiri pamutu ndi pamapewa, ena olemera. Mayi Nachisale akudzudzula mzimu wa chilakolako ndi mawu onse. Amen.

Anthu abwerera m'mipando. Ine ndili pomwepo. Msana watseka. Ndikuyesa kudzuka, mwendo ukukana, thukuta lili kamukamu. Abusa aona ngati ndikadali mu mzimu, auza kwaya ipitirize. Kwaya yabwereza kolasi. Yabwerezanso. Mpaka mayi a Tadala adzuka, akodola a Mulenga, andinyamula m'khwapa ngati thumba la chimanga. Ena aombera m'manja.

Pa tiyi anthu akundipatsa moni mosamala. Mayi Nachisale andipeza pakona ndili ndekha. Ndakonzeka kulandira ulaliki wachiwiri. Ayang'ana uku ndi uku. Akuti maondo awo sawagonetsa, chaka chachitatu tsopano, mapilitsi akuwawotcha m'mimba. Akuti za mafuta odonthezera zija, kodi munthu amayambira pati?

Ndawauza kuti ayambire kwa GP, ndipo asaimbire mu canteen. Akuti zikhale pakati pathu.

Pofika pa car park andifunsa anthu ena awiri. A Phiri akuti akufunsira mnzawo.

Mmene sabata yathera:
Khadi, kulibe.
Chamba, sindinachione.
Forklift, Darren.
Udikoni, a Banda.
Kalata ya physio, ibwera.

Panopa ndili chagada pa kapeti, miyendo pa sofa, mmene alamulira mayi a Tadala. Akuti tizichita m'mawa ndi madzulo, ndipo akuwerenga okha chifukwa ine ndimaba. Ululu ulipo, koma wachepako pang'ono. Sindinawauze, angayambe kunyada.

Ndili pansi pano ndaona kuti denga layamba nkhungu pakona, pamwamba pa TV. Ndatenga foni kuti ndilembere landilodi. Ndaiyang'ana. Ndaibweza pansi.

Alembe mayi a Tadala.